Ng'oma Yolira Kwambiri

Makolo athu, amene ankatha kuweruza mlandu wonse ndi mawu owerengeka, anatisiyira mwambi wakuti ng'oma yolira kwambiri sichedwa kung'ambika. Koma akadakhala ndi moyo kufikira lero, nalowa m'kanyumba kena kamalata pa Mponela kapena pa boma la Ntchisi, m'mene anyamata amapereka ndalama ya sopo kuti awomberane pa PlayStation, ndikhulupirira kuti akadamemeza bwalo kuti mwambiwo auonenso bwino.

Pachiyambi nyimbo za masewerawa zinali zodzichepetsa. M'chaka cha 1985, pamene Koji Kondo anapeka kanyimbo ka Super Mario Bros., makina a Nintendo sankatha kutulutsa mawu opitirira asanu nthawi imodzi. Lero opanga masewerawa amalemba ganyu akatswiri a ku Hollywood: Hans Zimmer, yemwe uja anapeka nyimbo za The Lion King, ndiye anakonza nyimbo yaikulu ya Call of Duty: Modern Warfare 2 mu 2009. Chozizwitsa koposa ndi Baba Yetu ya Christopher Tin, imene ili Pemphero la Ambuye m'Chiswahili, chinenero chomveka tsiku ndi tsiku ku Dzaleka konkuno ku Dowa; inapekedwera Civilization IV mu 2005, nilandira mphoto ya Grammy mu 2011, kotero kuti pemphero limene amishoni anakwera nalo ku Mvera mu 1889 lafikira ana ena osadziwa khomo la tchalitchi ali mkati molanda maiko a eni ake pa kompyuta.

Komatu luso lenileni la nyimbo za m'masewera si lachilendo kwa ife a kumapiri kuno. Nyimbo ya mu kanema imayenda njira imodzi, pomwe ya m'masewera imalondola wosewerayo: akamanyang'ama imanong'ona, mdani akatulukira malipenga amabuka, monga momwe woimba mbalule pa bwalo la gule wamkulu apenyetsetsa mapazi a chilombo, nasintha kaombedwe icho chikangotembenuka. Kusiyana kwake n'kwakuti mbalule amatumikira katswiri, koma makinawa, popeza alibe tsankho, amaimbira aliyense. Ndipo taonani, mnyamata wothawa kosoka fodya, amene sangayendetse ngakhale ngolo osaigwetsera mumchera, ayenda pakati pa azeze makumimakumi ndi kwaya yathunthu, ulemu umene ngakhale mfumu yandodo siulandira pa tsiku lolongedwa ufumu.

Nanga ng'omayo yang'ambika kodi? Iyayi, pakuti ilibe chikopa. Yang'ambika ndi sipika ya mwini kanyumba, imene tsopano imatulutsa Zimmer ngati wadwala chimfine; lang'ambikanso thumba la mnyamata uja; ndipo mayi wogulitsa zitumbuwa pakhomopo, amene wamva nkhondo yomweyomweyo kuyambira mbandakucha popanda kudziwa amene akupambana, wayamba kufunsa ngati a nyakwawa amazenga milandu ya phokoso, ndi kuti chindapusa chake ndi nkhuku zingati.