Kakhomedwe ka Kambale ka Sopo pa Khoma la Matailosi

Kambale ka sopo ndi kachipangizo kachitsulo, kadothi kapena kapulasitiki kamene kamakhomedwa pakhoma la bafa kuti sopo asamagone pansi. Ku Libuyu, mumzinda wa Livingstone, kanafika mochedwa. Kwa zaka zambiri ntchito imeneyi inkagwiridwa ndi chigoba cha majarini choboola kunsi ndi msomali wamoto, ndipo panalibe wodandaula. Zinthu zinasintha pamene eni nyumba anayamba kumata matailosi m'mabafa n'kukweza lendi. Malinga ndi chigamulo cha amayi a pakhomo, sopo wa m'bafa la matailosi sakhalanso m'chigoba.

Wokhoma kambaleka kawirikawiri amakhala bambo wa pakhomo. Chitsanzo chapafupi ndi mlembi wa danga lino, munthu amene umisiri wake wonse umathera pa kusintha babu, koma akamva mtengo wa mmisiri amagwira pakamwa n'kunena kuti, "Timabowo tiwiri tokhati? Ndalama imeneyo bola tigule nkhuku."

Zipangizo zofunika ndi makina oboolera, kachitsulo kake koboolera matailosi ka mamilimita 6, mapulagi awiri apulasitiki, zomangira ziwiri, tepi yapepala ndi pensulo. Zing'onozing'onozi zimapezeka m'masitolo a m'tauni ndi kumsika wa Maramba. Makinawo sagulidwa, amabwerekedwa kwa aneba, ndipo amabwera ndi mwiniwake, amene amaima pakhomo la bafa, manja kumbuyo, n'kumapereka malangizo. Pamafunikanso magetsi. Mu 2024, chilala chitachepetsa madzi ku Kariba, magetsi ankazima maola ambiri patsiku, moti zinali zovuta kuti makina, mwini makina ndi magetsi akumane m'nyumba imodzi. Chimenechi chinali chaka chabwino kwa mlembiyu, popeza anali ndi chifukwa chomveka chozengerezera.

Malo okhomapo amasankhidwa mosamala. Tailosi imagogodedwa kaye ndi chala. Ikamveka ngati mulibe kanthu kuseri, ndiye kuti womata anaumira simenti, ndipo tailosi yotere imasweka ikangopanikizidwa. Bowo lisayandikire m'mphepete mwa tailosi, komanso lisalunjike pamwamba kapena pansi pa mpopi, chifukwa mapaipi amadutsa mmenemo. Kambale kakhale pamene madzi a shawa safika, apo ayi sopo wogulidwa Lolemba amakhala phala pofika Lachinayi. Bambo akayeza zonsezi n'kulemba timadontho tiwiri, mayi amasuzumira n'kunena kuti, "Abambo, tasunthirani chakuno pang'ono." Apa ndiye pamakhazikika malo enieni.

Kuboola ndiye pagona nkhani. Pamwamba pa tailosi pamaterera, choncho pamamatidwa tepi yapepala kuti kachitsulo kasathawe n'kukanda khoma lonse. Makina ambiri ali ndi kabatani kowachititsa kumenya ngati hamala, ndipo kabatani kameneka kamazimitsidwa mpaka tailosi itabooka. Makina aziyenda pang'onopang'ono, osakankhidwa ndi chifuwa, ndipo kachitsulo kakatentha kaziviikidwa m'madzi. Fumbi likasintha mtundu, kuchoka poyera kapena pofiirira kufika pa la simenti, ndiye kuti tailosi yadutsidwa ndipo hamala ija ingathe kuyatsidwa. Bowo limodzi lingadye mphindi zingapo. Kwa munthu woleza mtima zimenezi n'zochepa, koma kwa bambo amene ana ake atatu akumuonerera, thukuta la mu Okutobala lili chuchuchu kumaso, aneba akuti "kanikizani, achimwene," mphindi iliyonse ndi chipongwe. Mlembi wa danga lino ndi wa gulu lokanikiza.

Bowo likatheka, pulagi imalowetsedwa mpaka idutse tailosi n'kukakhala m'khoma. Chifukwa chake n'chakuti chomangira chikamalowa, pulagi imafufuma, ndipo ikafufumira m'kati mwa tailosi imaing'alula. Zomangira zimamangidwa ndi dzanja, n'kusiyidwa zikangogwira. Koma pali lamulo limene silinalembedwe m'buku lililonse, loti mwamuna akamanga chinthu amapotolanso kamodzi "kuti chilimbe." Kupotola kumeneko kumatsatiridwa ndi kaphokoso kakuti thee, kenaka bata, kenaka mawu a aneba akuti, "Ine ndinaona kale." Mng'alu umayamba pabowo n'kutsetsereka mpaka pangodya, ndipo palibe guluu amene amaubisa. Njira yodziwika ku Libuyu ndi kupachika thaulo pamenepo tsiku limene alandilodi akubwera.

Zilipo njira zina zosafuna kuboola. Kambale kamphira komamatira kamagwira bwino masana, koma kamagwa pakati pa usiku, banja lonse n'kudzuka likuyesa mbala. Guluu wa silicone amagwira ndithu ngati khoma lapukutidwa n'kuuma, ndiponso ngati wasiyidwa maola 24 osakhudzidwa, zimene sizitheka m'nyumba ya bafa limodzi ndi anthu asanu ndi awiri.

Kambale kokhomedwa bwino kayenera kukhala zaka. Mlatho wa pa Victoria Falls, umene uli makilomita ochepa kuchokera ku Libuyu, unamalizidwa mu 1905 ndipo wanyamula sitima ndi malole kwa zaka zambirimbiri. Kambale ka mlembiyu kamanyamula sopo mmodzi yekha, ndipo kanapendekeka moti sopo wonyowa amatsetsereka n'kugwera kumapazi. Iye amaumirira kuti anachitira dala kuti madzi azitsika.

Amene akufuna kuyesa ntchitoyi ayambe wafufuza tailosi yapadera ya mtundu womwewo asanapite kukabwereka makina. Mitundu ya matailosi imatha m'masitolo osabweranso, ndipo tailosi yobiriwira pakati pa zoyera alandilodi amaiona ali pakhomo.