Tsiku Limodzi Silioza Mbewa: Kawerengedwe ka Zaka ku Roma ndi ku Mandevu

Mwambi wakuti "tsiku limodzi silioza mbewa" unachokera kwa anthu amene ankadziwa bwino mbewa kuposa kalendala, ndipo phunziro lake n'lakuti kuchedwa pang'ono sikuwononga kanthu, kotero kuti munthu asataye tulo chifukwa cha ntchito imene yagonera. Akatswiri a mbiri yakale akadaumvetsa mwambiwu, bwenzi atapewa mkangano umene umabuka zaka 100 zilizonse zikamatha, wokhudza chaka chimodzi chimene chinasowa m'kalendala ndipo mpaka lero sichinaoneke.

Gwero la nkhaniyi ndi mmonke wina wa ku Roma, Dionysius Exiguus, amene m'chaka cha 525, pokonza ndondomeko ya masiku a Pasaka, anakana kuwerenga zaka kuchokera pa ulamuliro wa mfumu Diocletian, yomwe inazunza Akhristu, nasankha kuyambira pa kubadwa kwa Yesu. Manambala achiroma analibe chizindikiro cha ziro, ndipo olemba amene anatsatira njirayi, monga Bede wa ku England amene anaifalitsa m'buku lake la mu 731, sanasiye malo a chaka cha 0. Chaka cha 1 B.C., kutanthauza Khristu asanabadwe, chimatsatidwa ndi chaka cha 1 A.D., kotero kuti munthu wobadwa mu 10 B.C. n'kumwalira tsiku lomwelo mu 10 A.D. anakhala ndi moyo zaka 19, osati 20. Zaka za B.C. zimawerengedwa chobwerera m'mbuyo, ngakhale kuti eni ake sankadziwa n'komwe kuti zaka zawo zikunka zichepa. Akatswiri ambiri amanenanso kuti mfumu Herode, yomwe inkalamulira pamene Yesu anabadwa, inamwalira mu 4 B.C., zomwe zikutanthauza kuti mmonkeyo anaphonya ndi zaka zingapo, komabe dziko lagwiritsa ntchito masamu ake kwa zaka zoposa 1,000 popanda mbewa iliyonse kununkha.

Popeza kuwerenga kunayambira pa 1, zaka 10 zoyamba zinatha mu 10, zaka 100 zoyamba zinatha mu 100, ndipo zaka 2,000 zinakwana pa 31 Disembala 2000. Anthu a m'makomboni a Mandevu, Matero ndi Chawama ku Lusaka, pamodzi ndi a ku London ndi ku New York, anachita phwando usiku wa pa 31 Disembala 1999, kutatsala chaka chathunthu, ndipo popeza mowa womwedwa subwezedwa, amene anauzidwa za cholakwikacho anachikonza pochita phwando lachiwiri. Anthu a ku Ethiopia, omwe ali ndi kalendala yawoyawo, anadikira mpaka Seputembala 2007, ndipo palibe anawadzudzula kuti achedwa.

Mkangano wa ziro, umene m'mayunivesite umafuna mabuku, ku Mandevu umachitikira pakhomo tsiku loyamba la mwezi uliwonse. Mwini nyumba, amene m'komboni amatchedwa alandilodi, ndi wophunzira wokhulupirika wa Dionysius, pakuti kwa iye kulibe mwezi wa ziro: tsiku limene munthu walowetsa matiresi ndi mbaula m'chipinda, mwezi woyamba wayamba kale ndipo lendi yake ikufunika. Wochita lendi amatsatira chiphunzitso china, chakuti mwezi umawerengedwa ukatha, ndipo alandilodi akagogoda mbandakucha, atanyamula kabuku kamakwinya kolembamo mayina, iye amatsegula chitseko pang'ono, n'kunena mwaulemu kuti, "Bambo, tsiku limodzi silioza mbewa." Yankho limene limamveka kawirikawiri n'lakuti mbewa za m'nyumbamo zimakhala kale ulele, ndipo mwambiwo sunanene kanthu za munthu wolandira malipiro.

Anthu akale ambiri sankavutika ndi ziro chifukwa ankatchula zaka ndi mayina. Aroma ankatcha chaka ndi mayina a akuluakulu awiri a boma amene ankasankhidwa chaka chilichonse, Agiriki ankawerenga nyengo za zaka zinayi za masewera a ku Olympia kuyambira mu 776 B.C., pamene mitundu ina inkanena kuti chaka chachisanu cha mfumu yakutiyakuti. Njira imeneyi ikadali yamoyo ku Mandevu. Gogo akafunsidwa chaka chimene mwana anabadwa, sapereka nambala, koma amanena kuti inali nthawi ya Welensky, kutanthauza zaka za chitaganya cha 1953 mpaka 1963, kapena nthawi ya Kaunda, yomwe vuto lake n'lakuti inatenga zaka 27, kotero kuti mayi ndi mwana wake angathe kubadwa m'nyengo imodzi. Pofuna kulongosola bwino, amatchula nthawi ya makuponi a ufa, chaka cha chimanga chachikasu pa chilala cha 1992, tsiku la kadamsana pa 21 Juni 2001 pamene Lusaka inada masana, kapena chaka cha 2012 pamene timu ya mpira ya Zambia, Chipolopolo, inatenga chikho cha Africa ku Libreville. Pa 1 Januwale 2013 ndalama ya kwacha ya Zambia inachotsedwa maziro atatu usiku umodzi, ndipo dziko limene linataya maziro ochuluka chotero silingadabwe ndi mmonke amene anasowa imodzi.

Ngakhale mzinda wa Lusaka uli ndi zaka zobadwa zingapo. Njanji inafika mu 1905, bungwe loyang'anira mudziwo linakhazikitsidwa mu 1913, ndipo likulu la dziko linasamukirako kuchokera ku Livingstone mu 1935. Pokondwerera zaka 100 mu 2013, mzindawu unasankha 1913, n'kudzichepetsera zaka zisanu ndi zitatu, zomwe ziyenera kutonthoza aliyense amene zaka zake zenizeni zimasiyana ndi za pa reji, chiphaso chimene nzika ya Zambia imatenga ikakwanitsa zaka 16. Papa Gregory XIII anachita zoposa pamenepa mu 1582, pamene analamula kuti tsiku lotsatira 4 Okutobala likhale 15 Okutobala, ndipo masiku 10 anasowa popanda maliro.

Chimene chasintha masiku ano n'chakuti mbewa zamakono zimaola msanga. Bandulo ya intaneti imatha pa ola lake ngakhale mwini wake sanaigwiritse ntchito, mayunitsi a magetsi akatha nyumba imada nsima isanapse, ndipo wobwereketsa kaloba, ndalama ya chiwongoladzanja chachikulu imene ku Malawi amati katapila, amadziwa tsiku, ola ndi njira yachidule yopita kwa wangongole. Fomu ya ku ofesi ili ndi timabokosi ta tsiku, mwezi ndi chaka, ndipo mulibe kabokosi kolembamo kuti nthawi ya makuponi. Mwambi umene unkateteza mlimi wochedwa kupalira sungateteze munthu amene tsiku lake linalembedwa m'kompyuta.

Choncho chigamulo chimene chingaperekedwe n'chakuti mwambiwu umanena zoona pa zinthu zazikulu ndipo umanama pa zazing'ono. Kalendala ingasoweke chaka, Papa angachotse masiku 10, mzinda ungabise zaka zake, ndipo moyo umapitirira. Koma lendi, ngongole ndi bandulo sizidikira mawa. Anthu a ku Mandevu asiye mkangano wa ziro kwa akatswiri, amene adzauyambirenso kumapeto kwa 2099 ngakhale kuti zaka 100 zatsopano zidzayamba pa 1 Januwale 2101, ndipo iwo asamale tsiku loyamba la mwezi wamawa.