A Lewis Ake Ati?

Khalani pansi nonse, mafoniwo muwavundikire pamphasa. Inunso mayi a ku yunivesite, musabisale kumbuyo kwa mng'ono wanu, mlanduwu ndi wanu. Ndinakutumani kuti mukunthe fumbi pa shelefu, muone ngati chiswe sichinalowe m'mabuku. Ntchito mwagwira, sindikukana. Koma mwatenga mabuku atatu n'kuwamanga pamodzi ndi mphira, kenako wophunzira kuposa onse m'banja lino walengeza pakhonde, anthu odutsa akumva, kuti, "Koma Lewis ameneyu anali dolo! Kusema miyala, kulemba mbiri, za chuma ndiye osanena." Ine ndinangogwira pakamwa. Fizi yonse ija! Ng'ombe tinagulitsa ija!

Ndiye kuti munthu wanuyu anabadwa cha mu 1844, anabadwanso mu 1915, osatopa, n'kudzabadwanso mu 1936. Anayamba ali mkazi, n'kumaliza ali amuna awiri.

Chakusokonezani ndikuchidziwa. Kwathu kuno a Phiri akakumana ndi a Phiri anzawo pa depoti, basi isananyamuke apezana kale chibale, wina wasanduka malume. Komabe ngakhale kunoko munthu woleredwa bwino amafunsa: a Phiri ake ati, a kuti, mwana wa yani? Kutsidya kwa nyanja ndiye n'kwina. Anthu akuda ambiri a ku America ndi ku zilumba za Caribbean mayina a makolo awo anatayika ndi ukapolo. Amene ali nawo lero ndi a eni minda, kapena odzisankhira atamasulidwa. Lewis ndi dzina lofala ku Wales ndi ku England. Atatu anuwa onse ndi akuda, onse ndi a Lewis, koma sanatuluke m'nyumba imodzi.

Buku la zosema lija, Child of the Fire, wolemba wake si Lewis n'komwe, ndi Kirsten Pai Buick. Mukanangowerenga chikuto chokha! Wokambidwamo ndiye Edmonia Lewis, mwana wa bambo wakuda ndi mayi wa magazi a Ojibwe, eni nthaka akale a kumeneko. Anakaphunzira ku Oberlin, ku Ohio, koleji imene inkalandira akazi ndi anthu akuda nthawi imene ambiri ankawakana. Mu 1862 anamunena kuti wathira mankhwala m'chakumwa cha atsikana awiri achizungu. Mlandu usanazengedwe, anthu anamukokera kutchire usiku n'kumumenya, kumusiya ali thapsa. Khoti linathetsa mlanduwo posowa umboni, koma sukulu sanamulole kumaliza. Inu netiweki ikangovuta theka la ola mumati tsiku lawonongeka.

Mtsikanayo anapita ku Boston, anaumba mutu wa Robert Gould Shaw, mzungu amene anafa akutsogolera asilikali akuda pa nkhondo yapachiweniweni, anagulitsa makope ake, ndalamazo n'kukwerera sitima mpaka kukakhazikika ku Rome. Kumeneko osema ambiri ankangoumba ndi dongo, mwala weniweniwo n'kupatsa amisiri achitaliyana kuti agobe. Iye ntchito yambiri ankagoba yekha, tchizulo ndi hamala m'manja, fumbi loyera lili mbuu m'tsitsi. Ndalama zolipira amisiri zinali zochepa, inde, koma ankadziwanso kuti akangolemba mwamuna ganyu, mawa lake anthu anena kuti si ntchito ya manja ake.

Tsono mverani za Cleopatra. Mu 1876, pa chionetsero cha ku Philadelphia chokondwerera zaka 100 za ufulu wa America, anaonetsa chosema cholemera kupitirira tani imodzi: mfumukazi ya ku Egypt itafa kale pampando wake, mutu utapendekera kumbali, njoka ikadali m'dzanja. Anthu anachikhamukira, koma wogula sanapezeke, ndipo chinatsalira ku Chicago. Chinakakhala m'bala. Kuchoka apo anakachiimika pa manda a hatchi ya mpikisano imene dzina lake linalinso Cleopatra. Hatchi, adzukulu anga! Patapita zaka zambirimbiri chinapezeka pakati pa zotsalira za omanga, ndipo anyamata a sikauti, pochimvera chisoni, anachipaka penti. Apa ndimakumbukira inu: mtima wabwino, mutu uli kwina. Lero chili ku Smithsonian, ku Washington. Mwiniwake anamwalira ku London mu 1907, ataiwalika.

Wa mbiri ndi David Levering Lewis, wobadwira ku Little Rock mu 1936. Buku mwamangalo ndi The Race to Fashoda, nkhani ya mu 1898 pamene Mfalansa Marchand, atayenda zaka ziwiri kuchokera kumadzulo kwa Africa, anakumana ndi Kitchener wa ku Britain pa mtsinje wa Nile, mayiko awiriwo n'kutsala pang'ono kumenyana chifukwa cha malo a eni ake. Ena ankalemba ngati Aafirika anali ongoonerera. Iye anawabwezera pakati pa bwalo, makamaka Menelik wa ku Ethiopia amene anali atangokwapula Italy ku Adwa mu 1896. Analembanso mbiri ya W. E. B. Du Bois m'mabuku awiri, lililonse n'kulandira mphoto ya Pulitzer, mu 1994 ndi mu 2001. Chindapusa chanu cha pamenepa ndi nkhuku, yoyera kapena yakuda ndilibe nazo ntchito.

Mukanafuna chingwe chenicheni chomangira mabuku, chinalipo. Wa mbiriyu ndi wa zachuma uja onse anaphunzira ku London School of Economics, onse anakagwirako ntchito ku Ghana m'masiku a Nkrumah. Koma zimenezo zimafuna kutsegula masamba, ndipo chala chanu chinazolowera galasi.

Wa zachumayo, Arthur Lewis, anabadwira ku Saint Lucia mu 1915. Bambo ake anamwalira iye ali ndi zaka 7, mayi n'kulera okha anyamata asanu. Ankafuna uinjiniya, koma anaona kuti boma la atsamunda kapena makampani a azungu sangalembe injiniya wakuda, ndiye anagwira za chuma. Mu 1948 anali pulofesa ku Manchester, mu 1957 mlangizi wa Nkrumah, ngakhale sanachedwe kusemphana. Mu 1979 analandira mphoto ya Nobel. Buku lake mwaligoneka pansi pa enawo, The Theory of Economic Growth, ndi la mu 1955.

Ganizo limene linamutchukitsa analilemba mu 1954, ndipo si lovuta. M'dziko losauka, kumudzi kumakhala anthu ambiri pa munda waung'ono, moti mmodzi atachoka zokolola sizichepa. Mwini fakitale kapena mgodi atha kulemba anthu ochuluka osakweza malipiro, poti pa geti pali ena akudikira. Phindu akalibwezera m'ntchito, chuma chimakula, ndipo malipiro amadzakwera pokhapokha anthu otsalira kumudzi aja atatha.

Musagwedeze mitu msanga. Mtaliyana wina, Giovanni Arrighi, amene ankaphunzitsa ku Salisbury mpaka boma la Ian Smith linamuthamangitsa mu 1966, analemba mu 1970 kuti ku Rhodesia sizinayende choncho. Poyamba azungu ankalira kusowa antchito, chifukwa alimi achikuda ankapeza ndalama pogulitsa zokolola zawo. Anthu "otsalira" aja anachita kupangidwa, powalanda minda yachonde ndi kuwaikira msonkho. Pamenepa ine ndili kumbali ya Arrighi, ndipo sindinachite kuwerenga. Atate anga anapita ku Halale, ku Rhodesia komweko, osati chifukwa kumunda kunalibe chochita. Msonkho wa nyumba unkafuna ndalama, osati maungu. Amayi anatsala okha ndi khasu, mwana kumsana, ndipo nkhokwe ya zaka zimenezo sinkafika Januwale. Amene amati mmodzi akachoka zokolola sizichepa sanafunse amayi anga.

Komabe Lewis sindimutaya. Mukadzuke m'mamawa mukaone mzere wa ofuna ganyu pa mageti a ku Kanengo kapena ku Makata, mundiuze chimene chingamukakamize bwana kuwonjezera malipiro pamene kunja kuli khamu lotere. Kukana kwa mmodzi ndi mwayi wa anthu makumi awiri. Ndipo inu mayi a ku yunivesite, chaka chamawa mukakaima pa mzere wotero ndi envelopu yanu ya khaki, digiri ili m'kati, mnzanu akadzafunsa kuti anafotokoza zimenezi ndani, mudzamuyankha kuti ndi mayi wina wosema miyala wa ku Rome?