Kodi wa nambala 772 amadya chiyani?

Ndithandizeni, inu odziwa za tenisi. Pa dziko lapansi pali anthu oposa 8 biliyoni. Munthu akakhala pa nambala 772 mwa amuna onse osewera tenisi, si katswiri ameneyo? Nanga bwanji Marcus Willis wa ku Britain, ali pa nambala imeneyi mu 2016, ankapeza chakudya pophunzitsa anthu tenisi ku Warwick Boat Club, mapaundi 30 pa ola?

Akuti ndalama zimabwera ukapambana. Chabwino. M'mipikisano ing'onoing'ono ya bungwe la ITF, monga yomwe imachitika kawirikawiri ku Monastir m'dziko la Tunisia, mphoto imakhala madola 15,000. Onsewo ndi a wopambana? Ayi, akuti amagawana osewera ambirimbiri. Nanga ndege yopitira ku Tunisia amalipira ndani? Wosewera yemweyo. Kogona? Yemweyo. Kochi, chakudya, zingwe za raketi zikaduka? Yemweyonso. Wosewera mpira wamiyendo amene ali pa kontrakiti amalandira malipiro ngakhale mwezi wonse atakhalira benchi. Wa tenisiyu bwana wake ndani? Akagonja tsiku loyamba n'kubwerera kwawo ndi ngongole, tinene kuti anapita kuntchito kapena anakalipira ntchito?

Za mapointi ndiye zimandizunguza mutu. Akuti amafufutika pakatha masabata 52. Ndiye kuti wopambana chaka chatha ayenera kupambananso chaka chino kuti angokhala pomwe anali? Ndipo kuti ulowe mipikisano ya ndalama zambiri ukhale ndi mapointi, koma kuti ukatole mapointiwo ukhale ndi ndalama zoyendera. Choyamba n'chiti?

Willis uja anapambana masewero asanu ndi limodzi a chipulula kuti alowe mu Wimbledon ya 2016. Panjira anagwetsa anyamata awiri a ku Russia, Andrey Rublev ndi Daniil Medvedev. Atalowa anagonjetsa Ricardas Berankis wa ku Lithuania, kenako anakumana ndi Roger Federer pa Centre Court n'kukwapulidwa 6-0, 6-3, 6-4. Anatuluka ndi mapaundi 50,000. Ndawerengetsa: kuti apeze ndalama zimenezo ku Warwick, akanaphunzitsa maola oposa 1,600. Kodi mkono wake unasintha m'masiku ochepa amenewo? Si womwewo umene unkaponyera mipira ana ophunzira?

Medvedev anadzapambana US Open mu 2021, n'kukhala nambala 1 pa dziko lonse mu 2022. Mudzati mu 2016 anali mwana wa zaka 20, ndavomera. Koma ngati mphunzitsi wa mapaundi 30 pa ola angagwetse munthu wotere, ndi angati ena a luso lomwelo amene anapachika raketi chifukwa ndalama ya tikiti ya ndege inatha? Alipo amene amawawerenga?