Malangizo kwa wofuna kutsalira pa ganyu ya boma

Inu a ku Likhubula amene munagwirapo ntchito yosakhalitsa ya boma, kaya pa kalembera wa 2018, kaya polemba anthu ziphaso zaunzika mu 2017, kaya polambula mizere yotchinga moto m'nkhalango ya phiri la Mulanje, ndipo mukufuna kuti ntchitoyo ikadzabweranso adzakufewetsereni zofunika poti ndinu akale, tcherani khutu. Nayi njira yotsimikizika yoti dzina lanu lisadzaoneke pamndandanda.

Choyamba, musasunge pepala lililonse. Kalata yokulembani ntchito ija ndi yabwino kukulungira usipa. Kakhadi kolendewera m'khosi kaja apatseni ana azisewera nako. Akakufunsani umboni woti munagwirapo, ingoyankhani kuti, "Bwana, ku Likhubula kuno palibe sandidziwa." Bwanayo, yemwe wafika mwezi watha kuchokera ku Karonga, akhutira ndithu.

Chachiwiri, khulupirirani mawu apakamwa. Akapitawo anakuuzani tsiku lomaliza, mwendo umodzi uli kale m'galimoto, kuti tikadzayambanso tidzakuitanani. Khalani pakhonde mudikire. Kalembera sachedwa, amabwera pakangotha zaka khumi: 1998, 2008, 2018. Kanthawi kochepa chotero munthu sangachite nako kanthu.

Chachitatu, za satifiketi musade nazo nkhawa. Ntchito zolemba anthu kawirikawiri zimafuna MSCE. Ngati mulibe, musayerekeze kulowa sukulu yamasana kuti mulembenso mayeso. Anthu angakusekeni pachigayo. Ngati yanu inapita ndi matope a namondwe wa Freddy mu March 2023, musavute a MANEB ku Zomba ndi mafunso. Bwerekani ya alamu anu, mukafufute dzina pochititsa fotokope pa Chitakale. Apolisi nawonso amafuna alendo.

Chachinayi, pitani nokhanokha, ndipo anzanu asadziwe. Pali ena amene amasonkhanitsa onse amene anagwira limodzi, n'kulemba kalata imodzi yonena ntchito imene anagwira, chaka chake, masiku ake ndi chimene akupempha kwenikweni, monga kuti luso la wakale liziwerengedwa pambali pa satifiketi. Kalatayo amasainira onse, amfumu n'kudindapo, n'kukaisiya ku ofesi ya zantchito ndi kwa a DC, kope lina n'kusunga. Zimenezi n'zoopsa, chifukwa wina atha kukuyankhani. Akuluakulu anati mutu umodzi susenza denga, koma iwo sankalimbirana ganyu.

Chachisanu, dandaulani mochedwa. Zoyenereza munthu kulembedwa amazikonza kumalikulu chilengezo chisanatuluke; za kalembera mwini wake ndi ofesi ya NSO ku Zomba. Choncho khalani chete mpaka mayina atuluke. Akatuluka, kwerani kabaza mukafike paboma, mukamulalatire kalaliki amene akumata mndandanda pakhoma. Mphamvu zake zonse ndi kabotolo ka guluu kali m'manjako, ndiye ndi woyenera kumva mkwiyo wanu wonse.

Chachisanu ndi chimodzi, mukapatsidwa mpata wolankhula, bisani zomwe mumadziwa. Mumadziwa nyumba yobisika kuseri kwa munda wa nanazi, yomwe mlendo amaipitirira. Mumadziwa kafunsidwe ka agogo amene satchula zaka zawo kwa munthu wachilendo, koma amakumbukira kuti njala ya 1949 inawapeza akuyamba kutunga madzi. Mumadziwa kufunditsa tabuleti m'jumbo chiperoni chikatsika phiri. Zonsezi musazitchule. Nenani za njala yokha. Aliyense pamzerepo ali nayo, motero mudzasowa bwinobwino m'chigulu.

Chomaliza, wina akakuimbirani foni usiku kuti tumizani kangachepe pa Airtel Money kapena pa Mpamba dzina lanu lilowe, tumizani msanga asanasinthe maganizo. Mukamuimbiranso m'mawa foni yake osapezeka, dziwani kuti ali kalikiliki kukonza zanu.

Mukatsata zonsezi mosaphonya, ntchito idzapita kwa mnyamata wa ku Blantyre wa satifiketi yowala, amene sadziwa kosiyanirana njira ya Chapaluka ndi ya Skyline, ndipo Dziwe la Nkhalamba amayesa ndi malo osambirako okalamba okhaokha. Musadandaule. Akadzatsika minibasi pa Likhubula adzafuna womulondolera njira ndi womusenzera chikwama. Ntchito imeneyo ndiye safunsa MSCE.