Kabatani Koimika Mpira M'malere ku Mlare

Pa padi ya PlayStation pali mabatani otchuka. La X limapatsira mpira, la katatu limaulowetsa pakati pa otchinga kumbuyo, lozungulira limaumenya kugolo, ndipo onsewa amasuluka msanga ndi thukuta la zala za akatswiri a gemu ya FIFA. Koma chapakati pa padiyo pali kabatani kena, kakang'ono ngati njere ya mpunga wa Kilombero, komwe palibe mnyamata amakatchula akamasimba mmene anakwapulira mnzake. Pa PlayStation 2 kanalembedwa kuti Start. Pofika pa PlayStation 4 ya 2013 eni ake anakasintha dzina n'kukatcha Options, ngati munthu wobatizidwa kachiwiri. Anyamata a pa Mlare, pamsewu wa M1 kummwera kwa boma la Karonga, amangokatchula kuti pozi. Kameneka ndi komwe kayenera kuvuliridwa chipewa.

Yoswa anaimitsa dzuwa ku Gibeoni kamodzi kokha, ndipo mpaka lero azibusa akulalikirabe za nkhaniyo. Pozi amaimitsa anthu 22, oimbira mpira, wotchi, mbendera za ochemerera ndi mpira womwe, kangapo patsiku, popanda womuimbira nyimbo ngakhale imodzi. Makolo anati chala chimodzi sichiswa nsabwe. N'chifukwa choti sanaone chala chachikulu cha mwana wa Sitandade 7 chikuumitsa Real Madrid yonse pamalo amodzi.

Kuti munthu amvetse ukulu wa pozi ayenera kufika m'nyumba ina yamalata Loweruka masana, mwezi wa Novembala, pamene kutentha kwa kunyanja kumatuluka pansi ndi kudenga komwe. Anyamata awiri akhala pamkeka, malaya atavula. Ena anayi adzaza pakhomo, wachisanu wakanirira pazenera. Mphindi ndi ya 88, zigoli ndi chimodzi kwa chimodzi, ndipo womwetsa zigoli wa mwana wa m'nyumbamo watsala yekha ndi goloboyi. Apa ndi pomwe mawu amachokera kukhitchini, kaya m'Chitumbuka, kaya m'Chinkhonde, kaya m'Chichewa, tanthauzo lake n'limodzi: madzi atha m'ndowa. Kuitana koyamba mwana sakumva, makutu ali ku Bernabéu, bwalo la Real Madrid. Kachiwiri amayankha kuti, "Ndikubwera, amayi!" koma thako lili pomwepo. Kachitatu amayi amatchula dzina lonse, la ubatizo ndi la makolo, ndipo aliyense m'chipindamo amadziwa kuti chotsatira ndi mthiko.

Pamenepo chala chimagwera pa pozi. Mpira umaima m'malere, goloboyi atayamba kale kudumpha, mwendo umodzi uli m'mwamba ngati kakowa. Mnyamata amanyamula chigubu, liwiro la kumjigo. Kumeneko apeza mzere, adikira, apopa, abwera madzi akumuchuchira pamsana, ndipo amayi amuwonjezera ina yoti akagule usipa ndi tomato pamsika. Pakutha pa theka la ola alowanso m'nyumba. Mpira uli pomwe anausiya. Goloboyi sanatope, sanadandaule, sanapemphe ndalama yowonjezera. Madzi alipo m'nyumba, mwana sanamenyedwe, ndipo chigoli chikadali chotheka. Ndi ankhoswe angati amene anayanjanitsapo mbali ziwiri mwachangu chotere, osapempha ngakhale nkhuku?

Mfumu imeneyi, pozi, ili ndi mbiri yake. Makina a masewera a m'ma 1970 omwe ankaikidwa m'mabala ndi m'masitolo ku America ndi ku Japan analibe pozi, ndipo sanamufune n'komwe: mwini makina ankafuna kuti wosewera afe msanga, aponyemo kobiri lina. Amene anatsegula njira ndi kampani ya Fairchild mu 1976, ndi makina ake a m'nyumba otchedwa Channel F. Gulu lomwe linawapanga linkatsogozedwa ndi Jerry Lawson, injiniya wachikuda wa ku New York, yemwe amakumbukiridwa kwambiri chifukwa cha makatiriji osinthasintha. Pa makinawo panali batani lotchedwa Hold, loumitsa masewera. Atari 2600, yomwe inatuluka mu 1977 n'kugulidwa kwambiri kuposa Channel F, inalibe batani lotere, moti mwana woitanidwa ndi amayi ake ankangosiya munthu wake kuti aphedwe. Mpaka mu 1982, pa Atari 5200, ndi pomwe pozi anasamukira pa padi, m'manja mwenimweni mwa wosewera.

Ena anamulemekeza mopitirira muyeso. Kampani ya Sega, pa makina ake a Master System, inamuika pa bokosi lenilenilo, kutali ndi padi, kotero kuti wofuna kuimitsa gemu ankayenera kudzuka n'kupita kukagwada pamaso pake ngati wokapereka moni kwa a gulupu. Nintendo nayo, pa Famicom ya 1983, inaika Start pa padi yoyamba yokha. Padi yachiwiri inapatsidwa kamaikolofoni m'malo mwake: mlendo anali ndi ufulu wofuula, koma wopanda ufulu woimitsa kanthu. Amene anakhalapo mlendo m'nyumba ya eni gemu ku Mlare sadabwa nazo zimenezi. Padi yabwino ndi ya mwana wa m'nyumba. Mlendo amapatsidwa ija yomangidwa ndi selotepi, yomwe osewera ake amangothamangira kumanzere okha.

Ndipo alendo ndi ochuluka, poti makinawa si a nyumba iliyonse. Kalembera wa 2018 anapeza kuti nyumba pafupifupi 11 zokha pa 100 zilizonse m'Malawi ndi zomwe zimaunikira magetsi, ndipo kumidzi chiwerengerocho n'chotsika zedi. PlayStation ya pa Mlare imapezeka kwa aphunzitsi, kwa eni golosale, kwa amene achimwene awo ali ku Joni, kapena inabwera m'katoni kudutsa pa Songwe pamodzi ndi zitenje za ku Kyela. Nthawi zambiri imakhala yakale, yodutsa m'manja ambiri. PlayStation 2 inatuluka mu 2000 n'kugulitsidwa yoposa 150 miliyoni padziko lonse, ndiye siyisowa. Ina imathera m'shopu yometera tsitsi, komwe anyamata amalipira pa gemu iliyonse. Kumeneko pozi amadedwa ngati ngongole, chifukwa nthawi yomwe mpira waima, mzere wa odikira nawo waima, ndalama ya mwini shopu nayo yaima.

Adani ake amati pozi ndi chida cha anthu achinyengo. Akunena zoona, ndipo m'pomwe pali luso lake. Taonani katswiri amene mnzake wapatsidwa penate. Mnzakeyo wayang'ana kona, wapuma mpweya, wayamba kuthamanga, chala chatsala pang'ono kugunda. Mwadzidzidzi chithunzi chauma. "Pepa aise, ndimafuna ndisinthe pulayera." Akabwezeretsa gemu, mtima wa womenya uja wabalalika kale, mpira ukathera kwa ochemerera. Palinso mphunzitsi wa timu yomwe yagona ndi zigoli zinayi, amene amaimitsa gemu n'kukhala mphindi khumi akusuntha osewera, kuchotsa 4-4-2 kuika 3-5-2, kubwezeranso 4-4-2, akuyembekezera kuti mwina mnzake aitanidwa kwawo masewera asanathe. Koma wankhanza kuposa onse ndi wopambana. Iyeyu amaimitsa gemu kuti aonetse chigoli chake mobwereza, kuchokera kumbuyo kwa golo, kuchokera kumwamba, pang'onopang'ono, akulozera ndi chala malo enieni omwe mpira unadutsa pakati pa miyendo.

Chinyengo chotere sanachiyambitse ana a ku Karonga. Mu gemu ya Mega Man ya 1987, osewera anatulukira kuti akawombera chilombo chotchedwa Yellow Devil n'kumadina batani loimitsa mobwerezabwereza, chipolopolo chimodzi chimavulaza kambirimbiri mpaka chilombocho kugwa. Anthu akuluakulu, a ndevu zawo, akunyadirabe njira imeneyi mpaka lero.

Chodabwitsa n'chakuti ndewu zobadwa ndi pozi amazithetsanso ndi pozi yemweyo. Mawu akakwera, wina akaimirira, wamkulu wa gulu amalanda padi n'kuimitsa zonse, mlandu uzengedwe kaye. Dera lino la Karonga Central linapatsidwapo dzina loti Benghazi chifukwa cha zipolowe za nthawi ya kampeni. Wolemba nkhaniyi amaganiza kuti chomwe chinkasowa pamisonkhano ija ndi kabatani kameneka basi, ndi munthu mmodzi wa chala chofulumira.

Kudzichepetsa kwa pozi kumaonekera pa mmene amagwirira ntchito. Gemu ndi ntchito yozungulira: makina amamvetsera padi, amawerengera pomwe mpira ndi osewera afika, amajambula chithunzi, n'kuyambiranso, maulendo 30, 50 kapena 60 pa sekondi imodzi. Pozi amangochotsa gawo lapakati lija, lowerengera. Kumvetsera kumapitirira, kujambula kumapitirira, chithunzi chomwechomwecho mobwerezabwereza. Ndiye pamene anthu akuti gemu yapuma, makina sanapume ayi. Ali ngati mlonda woimirira pageti usiku wonse. Amalonda a Chiswahili odutsa pa M1 akamva anyamata akuti "taipoza kaye" akhoza kuganiza kuti akuiziziritsa, poti kupoza m'chinenero chawo ndi kuziziritsa. Koma kabokosiko kamakhala kakutenthabe, kafani kakulira m'fumbi, ndipo mayunitsi a magetsi akutsika pa mita. Bambo a m'nyumba akabwera n'kupeza wailesi yakanema ikuonetsa munthu wouma mwendo uli m'mwamba, chipinda chili mbee, amakhala ndi mawu awoawo onena za pozi, osayenera kusindikizidwa.

Mfumu iliyonse ili ndi yoiposa. Zonse zomwe pozi amasunga, zigoli, mphindi, malo a mpira, zimakhala mu RAM, nkhokwe ya kanthawi ya makina yomwe imadalira magetsi. Magetsi akangophethira, zonse zapita. Pozi si kusunga; kusunga ndi ntchito ya memory card, kaja ka 8MB ka pa PlayStation 2, ndipo masewera ambiri a mpira salola kusunga pakati pa gemu. Choncho lonjezo la pozi ndi loona pokhapokha mawaya akugwira ntchito, kuchokera ku Nkula, Tedzani ndi Kapichira pa mtsinje wa Shire, kutali kummwera, kapena pa siteshoni yaing'ono ya Wovwe m'boma lomwe lino la Karonga. Mu Januwale 2022 namondwe Ana anaononga damu la Kapichira n'kuchotsa pafupifupi mamegawati 130, ndipo dziko linalowa mumdima m'sabata yomweyo yomwe Gabadinho Mhango anaponya chigoli chija chakutali m'golo la Morocco ku Cameroon. Miyezi yotsatira, magetsi ankazima maola ambirimbiri. Ameneyo ndiye pozi wamkulu, wosafunsa chala cha munthu, wosabweza mpira pomwe unali. Komabe naye ali ndi omukonda: aliyense amene anali kugonja magetsi akuzima amalumbira kuti anali atatsala pang'ono kubweza.

Pa nkhani imeneyi madala a bawo pansi pa mtengo wa mango ali patsogolo. Mmodzi akaitanidwa, amangosiya njere m'maenje mwake, n'kudzazipeza madzulo. Safuna mayunitsi. Mdani wawo ndi nkhuku, kapena dzanja la mnzawo.

Masiku ano pozi akuchepetsedwa ulemu. Mpira wa pa intaneti, kaya ndi EA Sports FC, dzina lomwe gemu ya FIFA inatenga mu 2023, kaya ndi eFootball ya Konami yomwe achinyamata amasewera pafoni bandulo ikalola, sumuimitsa mmene ukufunira. Mnzako ali ku Lagos kapena ku Jakarta, ndipo alibe nazo ntchito za ndowa ya amayi ako. Ukapempha pozi umadikira mpira utuluke kaye, amakupatsa masekondi owerengeka, ndipo mwayiwo ndi wowerengekanso. Ndiye mwana ayese kufotokoza kukhitchini kuti "iyi siimika, amayi". Kampani ya FromSoftware ya ku Japan inafika poipa: Dark Souls ya 2011 ndi Elden Ring ya 2022 zilibe batani loimitsa ngakhale ukusewera wekha. Zikuoneka kuti kumeneko kulibe amene anatumidwapo kuchigayo chinangwa chili pamutu, kapena kukatsekera ng'ombe dzuwa likulowa, kapena kumva "Odi!" wa amalume pakhomo n'kudziwa kuti ayenera kutuluka, kugwada ndi kulandira chikwama.

Ku Mlare zonsezi zilipo tsiku lililonse, n'chifukwa chake pozi akadali pampando. Vuto limodzi lomwe sanalithetse ndi loti padi ili ndi mabatani, ndipo anthu otsala m'chipinda ali ndi zala. Mnyamata wochenjera akamapita kumjigo amasiya mlonda, kawirikawiri mng'ono wake wa zaka zisanu ndi chimodzi, n'kumulonjeza chitumbuwa. "Ukhale pomwepa. Aliyense asagwire." Kamwanako kamakhala pamkeka, padi ili pamiyendo, maso ali pa goloboyi wouma uja. Kamayang'ana kabatani kapakati. Kamayang'ana kukhomo. Mlendo wa padi yaselotepi amasendera pafupi n'kunong'oneza kuti iye apereka zitumbuwa ziwiri.

Mwini gemu akamalowa, chigubu atatula, amapeza wotchi ili pa 90, zigoli zili zitatu kwa chimodzi, chipinda chonse chikuyang'ana kudenga, ndipo mlonda akutafuna.