Nkhondo ya mitengo ndi makina ikabuka, musandiwerengere

Opanga mafilimu ali ndi nkhondo imodzi imene satopa nayo. Uku kuli ufumu wa m'nkhalango, kumene anthu amacheza ndi mitengo ndipo asilikali awo ndi nguluwe, mimbulu ndi zimbalame. Uko kuli dziko la makina, la anthu odalira mfuti, ndege ndi utsi. Akangoyambana, ife oonera timadziwa kale kowombera m'manja. Ine ndimachemerera mitengo mpaka mawu kusasa, ndipo ndakhala ndikuuza anzanga kuti nkhondo yotereyi itafika kwathu kuno, ndingakhale woyamba kunyamula uta.

Mayi a kunyumba atamva zimenezi anangofunsa kuti, "Bambo, kodi mbali imeneyo inakuuzani kuti ikukufunani?"

Funsolo linandisowetsa tulo, choncho ndinayamba kufufuza ntchito imene ndingagwire kumeneko.

Ndinayambira ku Pandora, dziko la mufilimu ya Avatar imene James Cameron anatulutsa mu 2009. Nkhani yake ikuchitika m'chaka cha 2154. Kampani ina yochokera kuno ku dziko lapansi ikufuna mwala wotchedwa unobtanium, wa madola 20 miliyoni pa kilogalamu, ndipo mwa tsoka mwalawo uli pansi pa chimtengo chimene mumakhala a Na'vi. A Na'viwo ndi anthu abuluu, otalika pafupifupi mamita 3, oyenda m'nthambi usiku osaterereka. Ine ndikakwera mtengo wa mango, pofika panthambi yachiwiri ndimakhala nditayamba kale kulapa machimo. Koma chachikulu si chimenecho. Kuti ukwere hatchi kapena chimbalame cha kumeneko, umalumikiza tsitsi lako lalitali loluka ndi nyamayo, kenako imamva zimene ukuganiza. Ine dazi linandipeza kalekale. Ku Pandora ndingakhale woyenda wapansi mpaka imfa, wonyamulira anzanga kamba. Ndipo mwina ndi bwino choncho, chifukwa chimbalame chitamva zimene ndimaganiza chikhoza kungomva za lendi ndi ngongole, n'kundigwetsa m'malere chifukwa cha chisoni.

Paja mitengo yonse ya mufilimuyi, imene inatiliza misozi ija, inajambulidwa pa makompyuta ku New Zealand, ndipo filimuyo inapeza ndalama zoposa madola 2 biliyoni. Amene anapambana nkhondo ndi a mitengo, koma amene anapita kubanki ndi a makina.

Kumene ndinapeza abale anga enieni ndi mu The Two Towers, filimu ya 2002 yochokera m'buku la J. R. R. Tolkien. Mmenemo muli a Ent, zimphona zooneka ngati mitengo, zoyenda ndi kulankhula, mtsogoleri wawo Treebeard. Mfiti Saruman ikugwetsa nkhalango yawo ya Fangorn kuti isonkhere ng'anjo zosulira zida. Ndiye a Ent atani? Aitanitsa msonkhano. M'bukumo msonkhanowo ukutha tsiku lachitatu. Mufilimumo dzuwa likulowa iwo atangomaliza kupatsana moni, ndipo mfundo yoyamba imene akugwirizana ndi yakuti alendo awiri aafupi amene abwera kwa iwo si adani. Apa mtima wanga unakhala pansi. Awa ndi anthu a komiti yathu ya ukwati enieni, kungoti ali ndi masamba. Ntchito ya mlembi ndingaigwire bwino kwambiri, ndipo pa mfundo ya "zina ndi zina" palibe angandipose.

Vuto ndi lakuti a Ent akakwiya amakwiyadi. Anapita ku Isengard, kwa Saruman, n'kugumula makoma, n'kumiza ng'anjo zonse za Saruman m'madzi. Tsono ndinaganiza za tsiku limene Treebeard angabwere m'dera lathu ndi kaundula wa abale ake osowa. Nyumba yanga ndi ya njerwa zootcha, ndipo uvuni wake sunayake ndi mapemphero. Nsima yanga imapsa ndi makala. Mpando umene ndimakhalira pochemerera mitengo ndi wa mlombwa. Ndingamuuze chiyani mkuluyo akagogoda, chitseko chimene akugogodacho chili msuweni wake?

Basi, ndinati ndikayese mwayi kwa a makina. Kumenekonso mafunso ndi ovuta. Amafuna anthu oyendetsa ziloboti zazitali kuposa nyumba, pomwe ine foni yanga ikasintha chilankhulo ndimadikira mwana abwere kusukulu. Luso langa lalikulu pa zamakina ndi kuluma mabatire a rimoti kuti agwirenso ntchito sabata ina. Komanso mbiri ya mbali imeneyi si yolimbikitsa. Mu Return of the Jedi, filimu ya 1983, asilikali okhala ndi zida zoopsa anagonja kwa a Ewok, tinyama taubweya togenda miyala ndi kugubuduza zipika.

Amene anandikopa ndi mayi mmodzi, Eboshi, wa mu Princess Mononoke, filimu ya ku Japan imene Hayao Miyazaki anatulutsa mu 1997. Mayiyu ali ndi mudzi wosula chitsulo, ndipo amadula nkhalango mopanda chisoni mpaka milungu ya nguluwe ndi mimbulu inamukwiyira. Koma mayi yemweyo analemba ntchito anthu odwala khate amene aliyense ankawathawa, anawombola atsikana m'nyumba za uhule n'kuwapatsa ntchito yopopa mvukuto, ndipo pamudzi pake anthu amadya n'kukhuta. Miyazaki sanafune kutipeputsira nkhaniyi. Mzimu wa nkhalango wa mufilimuyi ndi wokongola, inde, koma sindinauone ukulipira munthu pa mapeto a mwezi.

Ndiye ndasankha. Ndikalembetsa kwa mayi Eboshi ngati mlonda wa pachipata. Ndikudziwa kuti m'mafilimu onsewa mlonda ndi amene amayamba kufa, alibe dzina, ndipo palibe nyimbo yachisoni imene amamuimbira. Koma ine ndakonzeka. Kalata yopempha tchuthi ndalemberatu, deti lokha ndi limene ndasiya. Tsiku limene nguluwe zija zidzatsike phiri, abwana adzapeza patebulo pawo uthenga wakuti mlonda wathamangira kumudzi, azakhali ake amwalira kachitatu.